Tsiku Limene Ndinapha Nachisale

Tadala, bwereza pomwe wawerengapo. Pang'onopang'ono, makutu anga si a dzana. "Agogo anga anali tayipisiti." Basi? Aphunzitsi ako akuti ulembe za ntchito imene agogo ako ankagwira, iwe n'kundimaliza ndi mawu anayi? Usaloze amayi ako, ndikudziwa kuti akuuza ndi iwowo. Iwo anabadwa ndili kale pa ofesi ku Blantyre, ndikugogoda makalata a anthu ena, ndiye amadziwa zokhazo. Koma homuweki imeneyo sichoka m'nyumba muno ili choncho. Tseka kaye laputopuyo. Nawe Yankho, chotsa tizingweto m'makutu, ubwere ukhale apa. Musandiuze za yala yala, Chiarabu chanu chofulumizitsa anthucho, mukuthamangira kuti? Ndege zinaima ndi mliriwu, sukulu yanu ili pa thebulo lomwe timadyerapoli, mu Dubai monse palibe amene akupita kulikonse.

Ine ndinali mlembi wa masewero a pa wailesi yakanema. Eya, sekani. Yankho, ndakuona, wayamba kale kufufuza dzina langa pa foni. Fufuza mpaka chala chitupe, sundipeza. Masiku athu sewero silinkasungidwa. Ochita sewero ankaima pamaso pa kamera, anthu m'maholo n'kumaona nthawi yomweyo. Wina akapunthwa, dziko lonse laona. Likatha latha, ngati utsi. Ndiye inu mumati chimene mulibe mu intaneti sichinachitike. Chinachitika, ndipo ndinalipo.

Kwathu ku Malawi kunalibe kanema nthawi imeneyo, izi zinali ku Lusaka. Bambo anga, agogo a amayi anu, anali telala wa ku Ntcheu, ndipo anapita kumeneko ndi makina awo osokera kukafuna moyo. Ine ndinawatsatira nditamaliza sukulu. Inu munabwera kuno pa ndege, mukudandaula kuti nkhuku yake inali yozizira. Ine ndinakwera basi masiku awiri, fumbi mpaka m'mano, kamba wanga ali mbatata yowotcha ndi thobwa la m'botolo limene linaphulika tisanafike ndi pa Luangwa pomwe. Ndinalowa mu Lusaka diresi yonse ikununkha chimera.

Tinkakhala ku Matero. Bambo anandilipirira sukulu ya taipi, ndipo zaka zochepa dziko lija litalandira ufulu ndinapeza ntchito ku nyumba ya kanema. Inde Tadala, ngati tayipisiti, pamenepo sindikana. Koma taipi yake si iyi yanu yosisita ngati mukupukuta mwana kumaso. Inkafuna mphamvu. Sewero tinkalitayipa pa pepala la phula lotchedwa sitensulo, kenako n'kulikoleka pa makina opukusa ndi dzanja kuti aliyense apeze lake. Ukalakwitsa chilembo umapakapo mankhwala ofiira onunkha, n'kuuzira, n'kudikira. Inki yake inkalowa m'zikhadabo, ku tchalitchi ndinkabisa manja m'nsalu.

Bwana wanga anali ba Sakala. Kumeneko munthu wamkulu amati "ba", monga mumamva anzathu a ku Zambia aja tinkapemphera nawo matendawa asanabwere. Ba Sakala anali ndi sewero la Lachinayi lililonse madzulo, la mayi wogulitsa kapenta pa msika, dzina lake Nachisale, ndi mwamuna wake woledzera, Jailosi. Sewero likatha kamera inkaloza katoni yakuda yolembedwa ndi utoto woyera: Wolemba, B. Sakala.

Poyamba ankalembadi okha, ine n'kumangotayipa. Koma tsiku lina ndinalephera kupirira. Ndinati, "Ba Sakala, pepani, palibe mzimayi wa pa msika amene amayankhula chonchi. Uyu akuyankhula ngati mlaliki."

Sanakweze ndi mutu womwe. Anangoti, "Konza chabe iwe, nilibe nthawi."

Ndinakonza. Sabata yotsatira anandipatsa masamba awiri m'malo mwa khumi. Kenako anayamba kundipatsa chipaketi cha fodya cholembedwa kumbuyo kuti, "Jailosi abwera ataledzera. Ndewu." Pomaliza ngakhale chipaketicho chinasiya kubwera. Ankangosayina tsamba loyamba, osawerenga, n'kupita ku misonkhano yawo imene inkatha maso atafiira. Zaka zinayi, ana inu. Liwu lililonse limene Nachisale anayankhula linatuluka m'mutu uno, wa imvi uno, umene mumauseka ukaiwala pomwe waika magalasi.

Ndinkawatola kuti mawuwo? Pa msika. Loweruka lililonse ndinkapita kukagula tomato mmodzi, n'kumamusankha ola lathunthu, makutu ali tcheru. Azimayi akatukwanana ndinkathamangira kuseri kwa matumba a makala kukalemba pa dzanja. Ndipo Lachinayi ntchito yanga sinkathera pa taipi. Ndinkalowa pansi pa thebulo la kapenta la Nachisale, kuseri kwa chiguduli, pepala m'manja, kuti wina akaiwala mawu ndimunong'oneze. Magetsi a mmenemo ankatentha kuposa panja pano mwezi wa Julayi, ndipo kunalibe choziziritsa mpweya chimene mumagona nacho inuchi. Kapenta uja anali weniweni. Tangoganizani fungo lake.

Amene ankasewera Nachisale anali Dorika, mnzanga wa pamtima. Mtsikana wamfupi, mawu ngati belu, wokonda vitumbuwa moti ankazibisa m'dengu la sewero n'kumadya kamera ikayang'ana kwina. Mukumbukeni ameneyo.

M'makomboni munalibe kanema m'nyumba. Inali imodzi, mu holo ya welofeya, yotsekeredwa m'bokosi la loko. Lachinayi anthu ankadzaza, ena pa mawindo. Osati inu, anthu atatu m'chipinda chimodzi, aliyense ndi galasi lake, aliyense akuseka yekha ngati wodwala. Ndipo chimene anthu ankaseka kwambiri chinali ndewu. Jailosi amamukankha Nachisale, iye n'kugwa miyendo m'mwamba, n'kudzuka, n'kumulalatira, holo yonse n'kufa ndi phwete. Ba Sakala akandipeza pa khonde ankati, "Onjezako ndewu, bantu bamaikonda." Ndipo ndinkaonjezera. Zimenezo sindibisa, ndinkalemba ndi dzanja langali, ndipo ndinkanyadira ndikamva kuti anthu anaseka.

Tsono khoma ndi khoma ndi nyumba yathu kunkakhala mayi wina wachichepere, wochokera ku Chipata, ndi mwamuna wake. Ndewu yake ifenso tinkaimva. Ikayamba, bambo anga ankapondaponda makina osokera mwamphamvu kuti tisamve. Mmawa mayi uja ankatuluka ndi tsache, diso lotupa, n'kutipatsa moni akumwetulira. Tsiku lina sanatuluke.

Inu simunaonepo maliro a kwathu, ndiye mvetserani. Mwambo wake, thupi lisanapite kumanda, mwini maliro amaimirira pamaso pa anthu n'kufotokoza mmene zinayendera: anadwala liti, tinapita naye kuti, anatisiya nthawi yanji. Anthu sabalalika asanamve zimenezo. Pa maliro a mayi uja anaimirira malume a mwamuna wake, chipewa m'manja, n'kunena kuti malemu anadwala mutu. Mutu! Tonse tinali pamenepo, ife omva kudzera pa khoma, ndipo tinangoweramitsa nkhope. Ndinapsa mtima, ana inu, ndipo mtima umenewo sunapole mpaka lero.

Lolemba lake ndinakhala pa taipi n'kulemba sewero la sabata imeneyo. Ndinawapatsa ba Sakala, anasayina tsamba loyamba ngati kale, n'kutuluka. Pokonzekera iwo kunalibe. Dorika atafika pa tsamba lomaliza ananditembenukira.

"Enelesi, ukudziwa kuti ukundichotsa ntchito?"

Ndinati, "Ndikudziwa. Ukakana ndisintha."

Anati, "Usasinthe. Amayi anga anagwa choncho kangati, ukuganiza?"

Lachinayi linafika. Ba Sakala analowa kutatsala mphindi zochepa, n'kukakhala m'kachipinda ka galasi momwe ankalamulira makamera. Sewero linayenda mwa masiku onse. Jailosi anabwera akudzandira, anafuna ndalama za kapenta, Nachisale anakana. Anamukankha. Anagwa, mutu n'kugunda pa mtondo. Ndipo sanadzuke.

Ine ndili pansi pa thebulo paja ndinkaona phazi la Dorika lili zii. Jailosi anati, "Nyamuka iwe, osachita maseŵera." Zii. Anamugwedeza. Zii. Kuseri kwa galasi ba Sakala anali ataimirira, akugwedeza manja ngati munthu wothamangitsa njuchi, koma akanatani? Zinali zikupita kale m'maholo. Wa kamera sanasunthe. Kenako katoni ija inakwera, ndi dzina lawo loyera bwino.

Yankho, wati chiyani? Khalasi? Ayi mwanawe, sizinathe, mpamene zinkayamba.

Mmawa wa Lachisanu ndikufika ku ntchito ndinapeza pa geti pali azimayi. Osati asanu kapena khumi, msewu unali utatsekeka. A ku Matero, a ku Chilenje, ambiri a pa msika, atasiya mabenchi awo. Ena atasenza nkhuni, ena ufa m'mabeseni, mipango kumutu, atakhala pansi miyendo atatambasula, akuimba nyimbo za maliro motsitsa. Mlonda anali atathawira m'kanyumba kake.

Ndikuona mukufuna kuseka, kuti anthu akale anali ogona, sankadziwa kuti ndi sewero. Akuluakulu a pa ntchito anaganizanso chomwecho. Anamutuma Dorika kuti akadzionetse kuti ali moyo. Anatuluka, n'kuima pamaso pawo. Mayi wina wamkulu, amene ankatsogolera azimayi a pa msika, anamuyang'ana n'kunena kuti, "Tikuziba, mwana wanga. Ndiwe Dorika, amai ako timapemphera nawo. Nkhala pansi. Ise tabwerera Nachisale."

Mwamva? Ankadziwa bwinobwino. Koma munthu amene wakhala akukuchezerani Lachinayi lililonse kwa zaka simungamusiye apite ngati nkhuku. Anabwera kudzakhuza, ndipo anabwera kudzamva.

Mayi wamkulu uja anati, "Mwine wa maliro ni ndani? Abwere atiuze mwamene zinayendera."

Bwana wamkulu wa nyumba yonse anali atatsika, tayi pakhosi, thukuta kumaso. Anatembenukira kwa ba Sakala. Azimayi nawo anati, "Eya, ba Sakala, dzina lawo ndiye timaliona." Anawakankhira kutsogolo. Munthu uja anavula chipewa, anatsokomola, n'kuyamba kuti malemu anali ndi matenda a mtima kuyambira kale.

"Mtima wa chani?" anatero mayi uja. "Tinaona na menso athu. Tifuna kuziba chifukwa chake mwamupaya."

Ba Sakala anayang'ana kumanzere, anayang'ana kumanja. Sankadziwa ngakhale dzina la mwana wa Nachisale. Azimayi anayamba kung'ung'udza, ena akudzuka, akumanga nsalu m'chiuno. Pamenepo ndinaona chala chawo chikukwera mpaka chinaloza ine, nditaima pa khomo ndi chikwama changa.

"Sindine nimalemba, amai. Ni uja mtsikana. Zonse ni eve."

Zaka zinayi ndinkalota tsiku limene munthu ameneyu adzanene mawu amenewo. Sindinkadziwa kuti adzawanena pofuna kupulumutsa khungu lake, pamaso pa bwana wamkulu ndi msika wonse.

Kwathu mtsikana wosakwatiwa sayankhula pa maliro. Ndinapita n'kugwada patsogolo pa mayi uja. Iye anati, "Ngati ndiwe mwine, imirira." Ndinaimirira. Ndinati, "Amayi, Nachisale sanadwale mutu, sanadwale mtima. Anamupha mwamuna wake. Anayamba kumupha kalekale, Lachinayi lililonse, ine ndikulemba, inu mukuseka. Dzulo anangomaliza."

Mayi wina kumbuyo anakuwa kuti, "Iwe mwana, uziba chani za chikwati?" Ena anamuvomereza, ndipo musaganize kuti onse anandikonda tsiku limenelo. Wina anandilavulira malovu pafupi ndi phazi. Koma chapakati mayi wina anayamba kulira, kulira kwenikweni kosachita kuyerekeza, anzake n'kumugwira. Kenako mayi wamkulu uja anati, "Wakamba. Manje mumuike bwino. Pa Chinayi tizabwera ku holo kuona maliro."

Anasiya nkhuni ndi ufa pa geti, n'kumapita.

Masana anandiitana ku ofesi ya pamwamba, kumene ndinali ndisanalowemo. Ba Sakala anali atapeza kale nzeru. Akuti tilembe kuti Nachisale anangokomoka, adzuke m'chipatala, Jailosi apepese, sewero lipitirire. Bwana wamkulu anagwedeza mutu kuvomereza, n'kundiuza kuti ndikatayipe.

Ndinati, "Sindidzutsa munthu wakufa, bwana. Wa khoma ndi khoma nafe sanadzuke."

Anati ndikudziwa kuti pa geti pali atsikana angati ofuna mpando wanga? Ndinati ndikudziwa, aitaneni mmodzi alembe, kapena alembe ba Sakala, si ndiwo wolemba? Ndinaika makiyi a kabati ya masitensulo pa thebulo. Kunena zoona ndinkaopa, chifukwa malipiro anga ndi amene ankaphunzitsa ang'ono anga awiri. Koma ndinali nditafika poti ngakhale bambo anga akanandigwadira sindikanabwerera.

Iwo ankadziwa kuti azimayi aja akubwera Lachinayi, ndipo palibe amene ankafuna kuwaonanso pa geti. Bwana wamkulu anati, "Chabwino, lemba maliro akowo."

Ndinati, "Ndilemba. Koma pa katoni pakhale dzina langa. Lonse, osati chilembo chimodzi ndi kadontho."

Ndinalemba maliro aja masiku awiri. Ndinaika malume a Jailosi kuti aimirire anene za mutu, ndipo mnzake wa Nachisale wa pa msika awadule pakamwa pamaso pa anthu onse. Pa zonse zimene ndinalemba m'moyo wanga, palibe loposa limenelo. Bambo wolemba makatoni anandiitana kudzafunsa kalembedwe ka dzina langa, koma katoniyo sanandionetse, akuti utoto sunaume.

Lachinayi ndinali pamalo panga, pansi pa thebulo, kuseri kwa chiguduli, chifukwa wosewera malume uja anali woiwalaiwala. Sewero litatha ndinamva nyimbo yotsekera, ndinadziwa kuti katoni yakwera. Koma lamulo linali lakuti usasunthe mpaka nyali yofiira itazima. Itazima ndinatuluka chokwawa, katoni anali ataichotsa kale. Ndinaifunafuna mawa lake, akuti anaipakanso utoto wakuda kuti alembepo za nyengo.

Amene anaona anali Dorika. Poti anali atafa, analibe gawo, ndiye anakakhala mu holo ku Matero pakati pa azimayi aja. Anabwera kunyumba akuthamanga, nsapato m'manja. "Enelesi, ndaliona! Wolemba, Enelesi Kadzuwa! Loyera mbee! Mayi wamkulu uja anauza anthu kuti akhale chete, n'kuliwerenga mokweza kuti osadziwa kuwerenga amve."

Limenelo linali sewero langa lomaliza. Sabata yotsatira anaikapo kwaya, ine n'kundisamutsira ku chipinda cha makalata. Sanandichotse, anangondikwirira. Patapita chaka ndinakumana ndi agogo anu aamuna, tinabwerera kwathu ku Malawi, kumene kunalibe kanema n'komwe. Ukauza munthu kuti ndinkalemba masewero a pa kanema ankakuyang'ana ngati wanena kuti unkaweta njovu. Ndinatopa, ndinasiya kunena. Ngakhale amayi anu ndinangowauzapo kamodzi, ali ndi zaka ngati zakozi Tadala, anati, "Inu amayi inu," n'kumapitiriza kutsuka mbale. Kulakwa kunali kwanga, ndinakhala chete msanga.

Mukufunsa ngati ndimadandaula? Ntchito ndimaidandaula, ndinkaikonda kuposa chakudya. Koma mutandibwezera pa taipi paja, Nachisale ndimuphanso.

Tsopano mudziwe chifukwa chake Lamulungu lija ndinadzitsekera kuchipinda osadya, amayi anu n'kumandiyeza kutentha thupi kawirikawiri, akuopa kuti anditengera matendawa kuchokera ku shifiti yawo ya kuchipatala. Sindinkadwala. Dorika wamwalira. Matenda omwewa, ku Lusaka. Mdzukulu wake anandiimbira pa foni ya kanema kuti ndione maliro. Ndinagwira kagalasi aka m'manja, ndili pa bedi, pa nyumba ya chisanu ndi chinayi kuchokera pansi, m'dziko la mchenga. Ndinawerenga anthu ndi zala, sizinathe. Ataima motalikirana, masiki kumaso, bokosi lokutidwa ndi pulasitiki. Palibe nkhuni, palibe nyimbo, palibe amene anaimirira kufotokoza mmene zinayendera. Mkazi amene msika wonse unatseka chifukwa cha imfa yake yabodza, pa imfa yake yeniyeni anaikidwa mofulumira ngati akuba akubisa katundu. Ndinalira, ndipo ndinakwiya.

Chaka chilichonse pa Khirisimasi tinkaimbirana, ndipo asanadule ankati, "Loyera mbee, Enelesi." Maso omaliza amene anaona dzina langa pa galasi atsekeka. Ine mwini wake sindinalionepo.

Ndiye kuno akuti okalamba tisatuluke, tisalowe m'mashopu, tikhale m'nyumba kuti atisunge. Chabwino, ndakhala. Koma musandisunge ngati thumba la mpunga, kenako n'kudzaimirira pa maliro anga kunena kuti malemu anali tayipisiti. Amene adzanene zimenezo ndidzamudzukira, ngakhale ndinakana kudzutsa Nachisale.

Tsegula laputopuyo, Tadala. Fufuta mzere umenewo. Ayi, usalembe iwe, sunthira uko. Yankho, ndipatse magalasi anga, ali pamutu panga pomwepa, ndawapeza, usaseke. Kumbuyoku kungakhale kwakuda ngati katoni ija? Zilembo zikhale zoyera, zikuluzikulu. Eya, choncho. Tsono chotsani manja, ndilemba ndekha, ndipo ndikamaliza pasapezeke wondifulumizitsa. Ndikufuna ndiliyang'ane mpaka nditakhuta.